Kuchoka pa Siteji Kufika pa Kamera: Mawu kwa Achinyamata a Zisudzo a kwa Mbenje

Gogo Chalo, anyakwawa nonse, aziphunzitsi athu, amayi ndi abambo, ndi inu anyamata ndi atsikana a magulu a zisudzo amene mwachokera ku Sorgin, ku Bangula ndi m'midzi yozungulira: Ndikudziwa kuti ambiri a inu pakhomo mumayankhula Chisena kapena Chimang'anja. Ine ndiyankhula Chichewa kuti tonse timvane.

Achinyamata ochita zisudzo masiku ano ali ndi funso limodzi limene silichoka pakamwa pawo: kodi zisudzo zili ndi tsogolo, kapena tingozisiya tiyambe mafilimu? Ena safunsanso zimenezo, amangofunsa mtengo wa kamera. Ine ndabwera kudzanena kuti kamera si poyambira. Ambiri mwa anthu amene apanga mafilimu oti dziko lino n'kuwanyadira anaphunzira ntchitoyi pa siteji asanakhudzepo kamera, ndipo aliyense wa iwo anali ndi munthu wamkulu amene anamulola kukhala pambali pake n'kumaona mmene ntchito imagwiridwira.

Ndiyambira kwa munthu amene ambiri a inu simunamuone ndi maso chifukwa anamwalira musanabadwe. A Dunduzu Chisiza Junior, amene dziko lonse linkangowatchula kuti Du, anabadwa mu 1963, patangopita miyezi yochepa bambo awo, a Dunduzu Chisiza andale aja, atamwalira pa msewu wa Zomba. Ali pa sekondale ya HHI ku Blantyre analemba sewero lotchedwa The Deceased's Attack, limene linapambana pa mpikisano wa ATEM, mpikisano wa masewero a Chingerezi wa sukulu za sekondale. Anapita kukaphunzira zisudzo ku America, ndipo mu 1987 anayambitsa gulu la Wakhumbata Ensemble Theatre. Chachilendo pa gululi chinali chakuti anthu ake ankafuna kudya thukuta la zisudzo, kuti zisudzo zikhale ntchito, osati chochita Loweruka munthu akaweruka kwina. Kumbukirani kuti nthawi imeneyo sewero lililonse linkayamba ladutsa ku Censorship Board, bungwe limene linabwera ndi lamulo la 1968, ndipo wailesi ya kanema m'Malawi munalibe. TVM inatsegulidwa mu 1999, chaka chomwe a Du anatisiya ali ndi zaka 35 zokha.

A Du analemba masewero oposa 20, ena mwa iwo Fragments, Papa's Empire ndi Democracy Boulevard. Koma mwana wa kuno amene lero angafune kuona mmene a Du ankayendera pa siteji, mmene ankatembenuzira mawu holo yonse n'kukhala chete, angavutike kwambiri kuti apeze choti aonere. Zambiri zinatsalira m'mitu ya anthu amene ankadzaza French Cultural Centre masiku amenewo, ndipo anthuwo akukalamba. Sewero la pa siteji limakhala ndi moyo usiku womwe likuchitikawo. Nyale zikazima, latha. Ichi ndi chifukwa choyamba chimene ine sindidzudzulira wa zisudzo amene akufuna kulowa m'mafilimu. Akufuna kuti ntchito yake idzapezeke iye kulibe, ndipo chilakolako chimenecho n'choyenera.

Komabe chilipo chimene a Du anasiya chimene sichinazime ndi nyale: anthu. M'modzi mwa iwo anali mayi Gertrude Kamkwatira, amene anakulira m'gulu la Wakhumbata, kuchita masewero ndi kuphunzira kayendetsedwe ka gulu. A Du atamwalira, mayiwa ndi amene ananyamula gululo, kenako anayambitsa lawo, Wanna-Do Ensemble Theatre, akulemba ndi kutsogolera masewero awoawo monga It's My Fault ndi Jesus' Retrial. Anatsogoleranso bungwe la ochita zisudzo m'dziko muno. Pa nthawi imene mtsikana wochita zisudzo ankanenedwa zambiri m'makwalala, mayi ameneyu ankalamula gulu la amuna, kuwerengera ndalama za pakhomo, kupanga hayala galimoto, ndi kuyenda ndi sewero m'maboma. Anamwalira mu 2006, nawonso asanakalambe.

Mwa amene anadutsa m'manja mwa gulu la Wanna-Do munali mayi Joyce Mhango Chavula, ndipo pa iwowa ndikhalitsapo, chifukwa njira yawo ndi imene ambiri a inu mukuilakalaka. Nawonso anayambira ku sukulu, pa mipikisano ya ATEM. Anachita zisudzo m'magulu angapo kwinaku akugwira ntchito ya zamalonda ku kampani yofalitsa nkhani. Mu 2009 anasiya ntchito yolipidwa pamwezi ija n'kuyambitsa gulu lawo, Rising Choreos Theatre Company. Amene muli ndi ana mukudziwa kulemera kwa chiganizo chotere: kusiya malipiro odziwika tsiku lake n'kudalira kuti anthu abwera ku holo. Gululo linachita masewero, mpaka linabweretsa katswiri wa ku Nigeria, mayi Patience Ozokwor, amene mumawadziwa m'mafilimu aja, kudzachita nawo sewero la The Return pa siteji za ku Malawi kuno.

Taonani kuti mayi Chavula sanathamangire kupanga filimu yawo. Anayamba agwira ntchito m'mafilimu a anthu ena, kuphatikizapo The Last Fishing Boat ya a Shemu Joyah, imene inajambulidwa ku Mangochi n'kutuluka mu 2012. Munthu ukakhala pamalo pojambulira filimu ya mnzako, maso ali tcheru, umaona zimene buku silingakuuze: chifukwa chimene aliyense akudikira maola awiri kuti mtambo uchoke, amene amakonza chakudya, amene amakumbukira kuti dzulo wosewera uja anavala mpango kumanzere, ndi mmene wotsogolera amayankhulira ndi munthu amene walephera mzere womwewo kakhumi. Atadziwa zimenezi ndi pamene anatulutsa filimu yawo yoyamba, No More Tears, mu 2013. Ndi nkhani ya mtsikana amene makolo ake amwalira, abale a bambo ake n'kubwera kudzalanda katundu. Palibe m'modzi pano amene sanaonepo zoterezi m'mudzi mwake, ngakhale kuti lamulo la chuma cha masiye la 2011 limaletsa. Itatha imeneyo anapanga Lilongwe mu 2015, ndipo mu 2016 filimuyi inapata mphoto ya filimu yopambana ya kumwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards ku Lagos. Kenako kunabwera Nyasaland. Kuchokera pa siteji ya sukulu kufika ku Lagos panadutsa zaka zambiri, ndipo zambiri mwa zakazo zinathera pa zisudzo.

Si iwo okha. A Tawonga Taddja Nkhonjera, amene anatsogolera filimu ya B'ella mu 2014, ndi munthu wa zisudzo. A Michael Usi anayamba kudziwika ngati Manganya pa sewero la Tikuferanji kalekale asanalowe ndale. A Shemu Joyah eni ake ntchito yawo ndi yoyeza malo, sanachokere ku zisudzo, koma mafilimu awo anayima pa mapewa a anthu amene anaphunzira kusewera pa siteji ndi pa wailesi. Filimu yawo ya Seasons of a Life inapezetsa mayi Tapiwa Gwaza mphoto ya Africa Movie Academy Awards mu 2010, ndipo The Road to Sunrise ya 2017 ndi imene inakhala yoyamba kutumizidwa ndi dziko la Malawi ku mpikisano wa Oscars. Ngakhale a Chiwetel Ejiofor, amene anabwera ku Kasungu kudzajambula The Boy Who Harnessed the Wind, nkhani ya a William Kamkwamba, anakulira pa siteji za ku London. Ku Nigeria nakonso, makolo a mafilimu awo, monga a Hubert Ogunde, anali eni magulu a zisudzo oyendayenda zaka zambiri asanayambe kujambula.

Nanga siteji imapereka chiyani chimene kamera singapereke? Chachikulu ndi anthu oonera amene ali pamaso pako. Inu mukachita sewero pa msika wa Bangula, amayi ogulitsa nsomba sakunamizani. Nkhani ikazizira amabwerera ku malonda awo. Ikagwira mtima amasiya kasitomala ataima. Mukachita sewero lomwelo kasanu m'midzi isanu mumadziwa pamene anthu amaseka, pamene amang'ung'udza, pamene agogo amapukusa mutu kuti zimenezo sizichitika choncho kwathu kuno. Wopanga filimu amene sanadutse pamenepa amajambula miyezi, kuwononga ndalama, n'kudzazindikira pa tsiku loonetsa kuti nkhani yake ndi yozizira, pamene sangathenso kusintha kanthu. Inu muli ndi mwayi woyesa nkhani yanu pa anthu enieni musanawononge tambala. Choncho filimu yanu yoyamba ichokere pa sewero limene mwalichita kale kangapo ndipo mukudziwa kuti limagwira anthu.

Siteji imaphunzitsanso mwambo: kufika pa nthawi yoyeserera, kuloweza mizere, kumvera wotsogolera ngakhale ndi wamng'ono kwa iwe, kusesa holo ngakhale ndiwe mwini gawo lalikulu. Mafilimu ambiri a achinyamata amafera panjira chifukwa cha kusowa mwambo kumeneku, osati kusowa zipangizo. Wina wapita kukakolola mapira pakati pa ntchito, wina wameta tsitsi filimu isanathe, wina wanyanyala chifukwa mnzake akuoneka kwambiri.

Pali china chimene ndiyenera kunena mosabisa, ngakhale ena a mabungwe ali pano. Masewero ambiri amene mumachita kuno ndi olipiridwa ndi mabungwe: a kolera, a Edzi, a maukwati a ana, a kusamuka m'malo a madzi osefukira. Ntchito imeneyi ndi yabwino ndipo ili ndi mbiri yolemekezeka. M'zaka za m'ma 1980 a Chris Kamlongera, a David Kerr ndi ophunzira awo a ku Chancellor College ankapita m'midzi, monga ya ku Liwonde, kukakhala ndi anthu, kumva mavuto awo, n'kupanga sewero limene eni mudzi ankalowererapo ndi kutsutsana pabwalo pomwepo. Koma zimene zafala masiku ano n'zosiyana. Bungwe limabwera ndi uthenga wolembalemba, gulu n'kuuveka zovala. Mumapezeka bambo woipa kuyambira poyamba mpaka pomaliza, mayi wolira, ndi mlangizi amene amabwera kumapeto kudzanena zoyenera kuchita. Pa bwalo anthu amapirira chifukwa pali nthabwala ndi ng'oma. Pa filimu zoterezi sizipiririka. Kamera imafuna munthu weniweni, amene ali ndi zifukwa zake ngakhale akulakwa. Bambo amene akukana kuchoka ku dimba la m'mbali mwa Shire si chitsiru. Kumeneko n'kumene kuli chinyezi chimene chimamupatsa chimanga ndi mbatata m'chilimwe, kumeneko n'kumene kuli manda a makolo ake, ndipo kumtunda kumene akumuuza kuti apite malo ake ndi a eni. Mukamuonetsa ndi zifukwa zakezo, woonera adzamumvera chisoni ndi kumuopera nthawi imodzi, ndipo uthenga udzafika popanda mlangizi.

Tsopano zimene muyenera kuzisiya pa siteji polowa m'filimu. Pabwalo mumakweza mawu kuti wa kumbuyo amve, mumatambasula manja, mumatong'ola maso. Kamera imakhala pafupi ndi nkhope yanu kuposa mmene mayi anu amakhalira, ndipo imaona chilichonse. Chimene pabwalo chinali luso, pa kanema chimaoneka ngati bodza. Wosewera wa m'filimu amaphunzira kuganiza chinthucho mumtima n'kusiya nkhope ichite yokha. Amaphunziranso kumvetsera, chifukwa nthawi zambiri chithunzi chogwira mtima ndi cha amene akumva mawu, osati amene akuyankhula. Chinanso, filimu sijambulidwa motsatira nkhani. Zonse zochitikira pa chitsime mumajambula tsiku limodzi, kaya zina ndi za poyamba zina za pomaliza. Mutha kulira maliro m'mawa, masana n'kujambula ukwati wa munthu yemwe munamulirayo. Choncho pafunika munthu m'modzi ndi kope, wolemba zovala, mbali imene munthu anayang'ana, dzanja limene ananyamulira khasu. Ntchito imeneyi imaoneka yonyozeka, koma ndi imene imagwirizanitsa filimu, ndipo amene waigwira bwino amakhala ataphunzira theka la utsogoleri.

Pa siteji mumafotokoza ndi pakamwa chifukwa simungabweretse mtsinje m'holo. M'filimu mtsinje ulipo, choncho musaunene, uonetseni. Ngati m'nyumba muli njala, sipafunika wina kunena kuti tili ndi njala; tionetseni mayi akusenda nyika zimene wakazula m'dambo momwe muli ng'ona, ana atazungulira. Aliyense wa kuchigwa kuno adzamva, ndipo wa ku Lilongwe adzafunsa kuti chimenecho n'chiyani, n'kuyamba kuphunzira za inu.

Za zipangizo ndinena mwachidule. Foni yabwino imene ena a inu muli nayo m'thumba ikukwana kujambulira filimu ya mphindi zisanu kapena khumi, ndipo muyambire pamenepo, osati pa filimu ya maola awiri. Tsamba limodzi la zolemba limatenga pafupifupi mphindi imodzi pa kanema, ndiye masamba khumi akukwanirani. Ndalama yoyamba imene mungapeze musagulire kamera, mugulire maikolofoni. Anthu amakhululuka chithunzi chosawala bwino, koma akalephera kumva mawu amachoka. Kuno mphepo, mbuzi, njinga zamoto ndi chigayo zonse zimalowa m'mawu, choncho pitani pamalopo dzulo lake mukaime chete ndi kumvetsera. Dzuwa lathu la kuchigwa ndi laukali; masana limachititsa mdima m'maso mwa munthu, kumwamba n'kuyera mbuu, ndipo foni imatentha mpaka kuzima. Jambulani m'mamawa ndi chakumadzulo, masana mukhale pamthunzi n'kumayeserera. Foni ikhale pa chinthu chokhazikika. Zimene mwajambula muzisunge pawiri tsiku lomwelo, pa memori khadi ndi pa kompyuta, ndipo ziwirizo zisagone nyumba imodzi, makamaka nyengo ya mvula.

Za ndalama sindikulonjezani zokoma. Sewero mumalipanga ndi matupi anu, ndalama za pakhomo n'kugawana usiku womwewo. Filimu imadya ndalama zonse poyamba, ndipo ikangotuluka, mawa lake ili kale m'malo okopera nyimbo ndi mafilimu, akuigulitsa motchipa inu osaonapo kanthu. Lamulo la umwini wa zaluso la 2016 lilipo, bungwe la COSOMA lilipo, ndipo ndi bwino kulembetsa ntchito yanu, koma musayembekeze kuti zimenezi zokha zikudyetsani. Apa ndi pamene wochokera ku zisudzo amaposa anzake, chifukwa amadziwa kale kuyenda ndi ntchito yake. A ku Nigeria aja, atayamba mafilimu, ankanyamula filimuyo ndi makina oonetsera n'kuyenda nayo m'matauni momwe ankachitira ndi masewero, akutolera pakhomo. Inunso mutha kubwereka pulojekita ndi jenereta, n'kuonetsa ku Bangula, ku Ngabu, ku Nchalo, ku Nsanje boma, musanaipereke kwa wina aliyense kapena kuiika pa intaneti. Anthu amalipira kuti aone mudzi wawo ndi ana awo pa chinsalu. Musanayambe kujambula, lembani pa pepala mmene mudzagawanire chimene chingapezeke, aliyense asainire, ndipo mwana aliyense woonekamo makolo ake avomereze. Magulu ambiri abwino anapasuka pa filimu yoyamba chifukwa nkhani ya ndalama anaisiya kuti adzakambirana bwino lake.

Ndifike pa chimene chimandiwawa mtima. Makamera abwera kuno kambirimbiri. Anabwera mu Januwale 2015 madzi atamiza midzi, anabweranso mu 2019 ndi namondwe wa Idai, mu 2022 ndi Ana, mu 2023 ndi Freddy. Mu 2016 dzina la Nsanje linamveka dziko lonse lapansi chifukwa cha nkhani ya fisi imene wailesi ya BBC inaulutsa. Sindikunena kuti zimenezi zinali zabodza kapena kuti zibisidwe. Mwambo wozunza atsikana ndi amayi amasiye uyenera kutha, ndipo ena mwa amene akulimbana nawo kwambiri ndi mafumu ndi amayi a konkuno. Koma taganizani: munthu amene amadziwa chigwa cha Shire kudzera pa kanema yekha amadziwa anthu ali pa denga kudikira bwato, amayi ali pa mzere wa ufa ku kampu, ndi fisi. Sanamvepo valimba usiku wa ukwati. Sanaonepo utse kapena likhuba. Sadziwa nthabwala za pa dooko, kapena mmene mlimi wa thonje amawerengera ngongole ya mankhwala tsiku la msika. Mlendo amafika madzi akadzadza n'kuchoka akaphwa. Zimene zimachitika pakati pa chigumula ndi chigumula, umene ndi moyo wanu weniweni, angazijambule ndi munthu amene amagona konkuno.

Ndipo nkhani zilipo zoti simungazimalize. Nkhani ya Mbona, amene kachisi wake ali ku Khulubvi, inakoka a Steve Chimombo mpaka analemba sewero la The Rainmaker m'zaka za m'ma 1970, ndipo wansembe wofufuza za chikhalidwe, a Matthew Schoffeleers, anailembera buku lathunthu, River of Blood. Eni nkhaniyo ndinu, ngakhale ndikuchenjezeni kuti kumalo ngati amenewo simulowa ndi kamera popanda chilolezo cha osunga mwambo, ndipo akakana mwakanidwa. Pali nkhani ya nkhondo ya ku Mozambique, pamene othawa nkhondo anadzaza misasa ngati wa Mankhokwe mpaka m'boma la Nsanje anachuluka kuposa eni dera. Nkhondoyo inatha mu 1992, ambiri anabwerera, ena anatsala, ena anasiya ana. Agogo amene anagawana nawo minda ndi zitsime akadali moyo, koma sakhala mpaka kalekale. Pali nkhani ya Mtayamoyo, pamene madzi anadula njanji ndi msewu pakati pa Bangula ndi Chiromo mu 1997, anthu a tsidya lija n'kuyamba kudalira mabwato pa ulendo wa ku chipatala ndi ku msika. Mnyamata m'modzi wopalasa bwato pamenepo, ndi anthu amene amawaolotsa tsiku limodzi, ndi filimu yokwanira.

Muzijambule m'chiyankhulo chimene anthuwo amayankhula. Gulu la Kwathu, la malemu a John Nyanga ndi a Eric Mabedi, Izeki ndi Jakobo, linkadzaza maholo chifukwa linkayankhula Chichewa cha anthu wamba pamene magulu ena ankachita za Chingerezi. A Ousmane Sembène a ku Senegal anali wolemba mabuku m'Chifalansa, koma ataona kuti anthu awo ambiri sangawerenge mabukuwo anatembenukira ku mafilimu, ndipo mu 1968 anatulutsa Mandabi m'chiyankhulo cha Chiwolofu. Ku Zambia, mayi Rungano Nyoni anapata mphoto ya BAFTA mu 2018 ndi filimu ya I Am Not a Witch, momwe anthu akuyankhula ziyankhulo za kwawo, Chinyanja chili momwemo. Agogo a m'filimu yanu akamakalipa m'Chisena, asiyeni akalipe m'Chisena. Mawu omasulira amalembedwa pansi pa chithunzi, ndipo ntchito imeneyo aphunzitsi a chiyankhulo ali panowa angakuthandizeni. Mudziwenso kuti Chisena sichithera pa Marka. Tsidya la malire, mpaka ku Beira, kuli anthu ochuluka amene angamve filimu yanu popanda womasulira.

Tsopano kwa inu akuluakulu a magulu, amene mwachita zisudzo zaka khumi kapena kuposerapo. Sukulu zophunzitsa mafilimu zilipo koma n'zochepa ndipo zili kutali. MultiChoice Talent Factory, imene inayamba mu 2018, imatenga achinyamata owerengeka chaka chilichonse kuchokera m'maiko a kumwera kwa Africa kukaphunzira ku Lusaka, ndipo Amalawi apitako. Amene muli ndi mapepala oyenera yesani mwayi. Koma kwa ambiri a kuno sukulu ndinu. Palibe amene anaphunzira kupalasa bwato pa Shire ataima pamtunda. Amakwera ndi wamkulu, tsiku lina wamkuluyo n'kumupatsa nkhafi madzi ali odekha, iye n'kukhala kumbuyo osalanda. Kuphunzitsa kwenikweni n'kumeneko, ndipo n'kovuta, chifukwa kumafuna kuti ulole mwana achite mochedwa chimene iwe ukanachita msanga, mwinanso adzakupose.

Ndaona magulu amene mtsogoleri wake amalemba yekha, kutsogolera yekha, kutenga gawo lalikulu yekha, ndi kusunga yekha nambala za mabungwe. Tsiku limene wapita ku Joni kapena wadwala, gulu latha. Wakhumbata inapitirira a Du atamwalira chifukwa munali munthu amene anali atagwirako kale chilichonse. Choncho pa filimu iliyonse imene mupange, ntchito iliyonse ikhale ndi wamkulu ndi wophunzira pambali pake: wa kamera ndi mwana wake, wa mawu ndi mwana wake, wolumikiza zithunzi pa kompyuta ndi mwana wake. Pa filimu yachitatu asinthane malo. Mtsikana asangopatsidwa gawo la mkazi wolira ndi ntchito yophika nsima ya gulu. Mupatseni foni ajambule, mupatseni kope alembe. Mayi Kamkwatira ndi mayi Chavula sakanafika pomwe anafika akanangosungidwa pa magawo a kulira. Ndipo ndinene motsindika, pamaso pa mafumu: mtsogoleri amene amapempha mtsikana thupi lake kuti amupatse gawo si mphunzitsi, ndi chigawenga, ndipo nkhani yake ipite ku polisi. Makolo ambiri amaletsa ana awo aakazi zisudzo chifukwa cha anthu otere, ndipo mantha awo ali ndi chifukwa.

Inu ophunzira, nanunso muli ndi mbali yanu. Fikani msanga, nyamulani zingwe, funsani pamene ntchito yaima osati pakati pa kujambula. Onerani mafilimu a Amalawi anzanu, monga Fatsani ya a Gift Sukez Sukali, kawiri: koyamba kuti musangalale, kachiwiri mutatseka mawu, kuti muone pamene kamera yaima ndi pamene chithunzi chadulidwa. Ndipo musasiye siteji. Amene mwayamba kujambula muzibwererabe pabwalo, chifukwa kumeneko n'kumene mudzapeze osewera atsopano ndi nkhani zatsopano.

Pempho langa kwa aphunzitsi aakulu ndi lakuti sukulu imene ili ndi magetsi kapena sola itsegule chipinda chimodzi Loweruka, kuti magulu azitchajirako mafoni ndi kulumikiza zithunzi zawo. Kwa Gogo Chalo ndi anyakwawa, achinyamatawa akabwera kudzapempha malo ojambulira, kapena kudzapempha kuti agogo ena awafotokozere za kale, alandireni, ndipo pamene alakwitsa mwambo awongoleni asanajambule. Kwa a mabungwe, pa ndalama zimene mumalipira masewero a uthenga wanu, patulaniko pang'ono zoti gulu lipangire filimu yaifupi ya nkhani imene lasankha lokha, inu osaikamo mawu. Magulu amene alipo lero atsale tikatseka msonkhano uno, gulu lililonse litchule sewero limodzi limene lachita kale ndipo likufuna kulijambula, ndi dzina la wophunzira amene adzaime pambali pa wa kamera.